Chigafa cha a Wyson

A Wyson Chimphepo, amalume athu amene tawaika sabata yathayi kwa Kaomba, anthu akuwalira ngati oimba. N'zoona, anali oimba. Koma si onse akudziwa kuti gitala yawo inakhalapo zaka khumi ndi ziwiri ili m'thumba, yopachikidwa kudenga, mpaka mavu anamangamo nyumba.

Sukulu analekezera sitandade 3. Banjo yawo yoyamba anakhoma okha ndi chigubu cha mafuta, mawaya ake a buleki ya njinga ya bambo awo, ndipo anakwapulidwa nazo. Atamera ndevu anangolowera ku boma.

Masiku amenewo ku Kasungu kunali malo atatu oimbirako bandi. Kunali Pa Malata, pafupi ndi pokwerera basi, kumene kunkapita matenanti a m'maesiteti, pansi pake fumbi lokhalokha. Kunali Tiyanjane, kwa aphunzitsi ndi makalaliki, kovina osavula tayi. Ndiye kunali holo ya a Frazer, yaikulu, yasimenti, yokhala ndi nsanja yeniyeni yamatabwa. Woimba aliyense ankayambira Pa Malata. Akakhwima ankamutenga ku Tiyanjane. Akakwera pa nsanja ya a Frazer ndiye kuti wafika, kutsogolo kulibenso kwina. A Wyson anafika. Anaimba pamenepo zaka zisanu ndi zinayi, iwo pa gitala, a Lemani pa ng'oma, a Lucious a ku Kaluluma pa besi. Fodya akayamba kugulitsidwa, holoyo inkadzaza mpaka ena kumavinira pa msewu.

Kenaka kunabwera disiko. Eni malo anaona kuti munthu mmodzi wa makaseti sadya ngati amuna asanu. Pa Malata anayamba kuonetsa vidiyo. Tiyanjane anagula a tchalitchi china choombera m'manja. A Frazer okha ndi amene anakakamira bandi, koma atamwalira ana awo anakhoma loko pa chitseko. A Wyson ananyamula gitala kubwerera kumudzi.

Amene anakondwa ndi akazi awo, a Enelesi, amene tonse timawatchula aNankhoma. Iwowa ndi mayi wa Mvano, wosaseka pachabe. Zaka zonse zimene amuna awo ankaimba ku boma, sanawaonepo akuimba ngakhale kamodzi, chifukwa mkazi wapabanja sankaponda malo ngati amenewo. Chimene ankadziwa n'choti bandi ndi chinthu chimene chimatenga mwamuna Lachisanu n'kumubweza Lolemba akununkha utsi. Gitala anaika m'thumba ndi iwowo, ndipo a Wyson sanatsutse. Anamanga chigafa chachitali kuseri kwa nyumba n'kukhala mlimi wa fodya ngati wina aliyense: nazale, kuwokera, kuthyola, kusoka, kupachika, kudinda mabelo. Fodyayo sanawalemeretse. Ankangowagulira chimanga, chifukwa munda wa chimanga wopanda feteleza sunkawafikitsa ngakhale Novembala.

Ndiye kunabwera makuponi a feteleza. Chaka choyambacho a Wyson analandira awiri, wina wa chitowe wina wa yuriya, n'kukwera njinga kupita ku boma kukagula. Atafunsa kuti akugulitsira kuti, anawalozera ku holo ya a Frazer. Anthu ogulitsawo anali atachita lendi holoyo kuti azisungiramo matumba.

Pa mzere anakhalapo masiku atatu. Tsiku lachiwiri anamva wina kumbuyo akugogoda chishalo cha njinga ndi zala, ndipo asanacheuke anadziwa mwini wake.

"Iwe Wyson, udakali moyo?" anatero a Lemani. "Ine ndinamva kuti fodya anakudya."

"Wandidya wandisiya mafupa. Nanga iwe mano unasiya kuti?"

Anaseka mpaka amayi a pa mzerepo kuwayang'ana. Tsiku lachitatu analowa limodzi. Nsanja ija inalipo, koma itasenza matumba mpaka kudenga, ndipo pamene pankakhala ng'oma panali tebulo la kalaliki. A Wyson anangoima. Anaona msomali umene ankakolekapo jekete, uli pomwepo. A Lemani anayamba kumenya thumba la yuriya pang'onopang'ono, ndipo zala za a Wyson zinayamba kuyenda zokha pa chifuwa. Kalalikiyo anawafunsa ngati abwera kudzagula kapena kudzavina, madala inu. Anagula. Koma pobwerera, matumba ali pa kaliyala, a Wyson anayenda njira yonse akuimba chamumtima, ndipo pofika pakhomo nyimbo inali itatha kupekedwa.

Chaka chimenecho mvula inagwa bwino. Chimanga chinachita moti nkhokwe inachepa, china anasunga m'nyumba. Fodya atachoka m'chigafa kupita ku okushoni, a Wyson anatsitsa thumba lija, n'kuthamangitsa mavu ndi utsi, n'kukhala pansi ndi akazi awo. Anawauza kuti fodya ankalima chifukwa cha njala, tsopano njala yatha, ndiye iwo sakufunanso fodya. Chigafa chikhale malo a bandi. Koma m'kati mwake munali nsanamira zambirimbiri zogwira mikangala yopachikapo fodya, munthu sakanavina osagunda mtengo, ndiye ankafuna azidule, denga aligwirize ndi mabulugamu aatali.

ANankhoma anamvetsera mpaka kumapeto. Kenaka anati nsanamira ukadula sizimeranso, ndipo makuponi ndi a boma, angathe kutha mawa.

"Imbani mitengo ili momwemo," anatero. "Chigafachi chikadzaza kuyambira kutsogolo mpaka kumapeto, kamodzi kokha, ndidzakhulupirira. Chikapanda kudzaza pofika Seputembala, mukunyamula khasu kukakonza nazale, gitala ibwerere m'thumba mwake."

Anatenga kabotolo ka mbewu ya fodya n'kukaika pa windo, pamene a Wyson ankayikapo sopo, kuti aziiona m'mawa uliwonse.

Apa n'kuti Juni ali pakati. A Wyson anaitanitsa a Lemani. A Lucious anabwera kuchokera ku Kaluluma wopanda besi, anali atagulitsa kale pa njala, ndiye anakhoma babatoni, chija chachikulu cha chingwe chimodzi, chokhalira pamwamba poimba. Magetsi kunalibe. Anabwereka batire ya galimoto ya gitala yokha, n'kugwirizana kuti aziimba Loweruka masana, dzuwa likalowa basi.

Loweruka loyamba kunabwera anthu asanu ndi awiri, atatu mwa iwo achibale. Lachiwiri kunabwera asanu, ndi mbuzi imodzi imene inakana kutuluka. A Lemani anati mbuziyo ndiye ikudziwa nyimbo, aiwerengere. A Wyson anaseka nawo. Iwo ankayembekezera anthu awo akale, amuna a ndalama za fodya. Koma mwamuna amene wagulitsa fodya sakhala m'mudzi Loweruka, amakwera njinga kupita ku boma kumene kuli magetsi ndi mowa wozizira. Julaye anatha choncho. ANankhoma ankangopukuta fumbi pa kabotolo kaja.

Loweruka loyamba la Ogasiti, ali m'kati moimbira mitengo, pakhomo pa chigafa panaima mayi wina, a Consolata, wamasiye wa m'mudzi woyandikana nawo, atasenza beseni la chimanga akupita kuchigayo. Anaima nyimbo yonse beseni lili pamutu. Itatha anafunsa kuti polowa ndi zingati. A Wyson atawauza, anati ndalama alibe, ndalama zili ndi amuna, iwo ali ndi chimanga. Anatula beseni, n'kutapa mbale imodzi, n'kufunsa ngati ingakwane.

A Lucious anayamba kukana, akuti iwo si nkhuku. Koma a Wyson anayang'ana mbaleyo nthawi yaitali. Anakumbukira kuti zaka zonse zija ku holo ya a Frazer, amayi a m'midzi ankangomva ng'oma ali panja, akudutsa ndi mitolo pamutu. Ndipo chaka chimenechi panalibe khomo lopanda chimanga. Anavula chipewa n'kulandiriramo. Kenaka anawaimbira a Consolata nyimbo ija anapeka pa njinga, imene anali asanaimbepo pagulu chifukwa ankaiona ngati yamasewera:

Ndagona pa mzere masiku atatu,
aNankhoma musanditsekere chitseko.
Sindinapite kwa wina ayi,
nunkhizani malaya, ndi yuriya.

A Consolata anaseka mpaka kukhala pansi. Anati amuna a mng'ono wawo anatsekeredwadi panja chaka chimenecho, ndipo sananunkhe yuriya. Kuchigayo anafika mochedwa, koma pofika madzulo chigayo chonse chinali chitadziwa kuti kwa a Wyson akulowa ndi mbale ya chimanga, masana, mowa mulibe.

Loweruka lotsatira kunabwera amayi makumi awiri, ana kumsana. Linalo anafika theka la chigafa. Povina ankazemba nsanamira, wina kuzungulira uku wina uku, mpaka kuzembako kunasanduka kavinidwe kake, kamene ana a kwa Kaomba amavina mpaka lero osadziwa kumene kanachokera. Amuna ataona kuti akazi awo akubwerako akuseka, nawonso anayamba kusuzumira. Koma theka si kudzaza, ndipo kunatsala Loweruka limodzi. Lachisanu lake aNankhoma ananola khasu n'kuliyedzamitsa pa khonde.

Loweruka lomalizalo kunali mphepo ya Ogasiti, fumbi lokhalokha, ndipo a Wyson anati palibe amene atuluke m'nyumba. Koma dzuwa litangopendeka, njira zonse zinayamba kutulutsa anthu, aliyense mbale m'manja. Ena anachokera kutali mpaka mbali za kwa Chamama, pa matola. A Consolata, amene tsopano ankalandira pakhomo, anadzaza thumba loyamba, lachiwiri, n'kutuma munthu kukabwereka lachitatu. A Wyson sankaona kumapeto kwa chigafa chifukwa cha mitu ya anthu. Ankaimba maso ali kukhomo, chifukwa amene anayenera kuona anali asanabwere. ANankhoma anali kukhitchini, kumene ankakhala Loweruka lililonse, atapereka msana.

Nyimbo yachisanu ili m'kati, anthu a pakhomo anayamba kupatuka. Anali iwo, atavala chitenje chawo chopitira ku tchalitchi, mbale ya chimanga m'manja. A Consolata anabisa manja kumbuyo, akuti amayi, chigafa chanu chomwe?

"Landirani," anatero aNankhoma. "Ndikufuna ndione chimene chinkandilanda mwamuna."

Analowa, anthu akuwapatsa njira movutikira, mpaka anafika pa nsanamira yapakati n'kuitsamira. Anayang'ana kutsogolo, anayang'ana kumbuyo, ngati munthu woyendera munda. A Wyson anaphonya waya. A Lemani anawalankhula chapansipansi kuti iwe, wakalamba ndi mantha, imba ya yuriya ija. Anaimba. Pofika pa dzina lija chigafa chonse chinatembenuka kuyang'ana mwini dzina, amayi akululutira. ANankhoma sanavine. Anangophimba pakamwa ndi nsonga ya chitenje, mapewa akugwedezeka, ndipo amene anali pafupi amalumbira kuti phazi lakumanja linkatukula fumbi.

Madzulo amenewo aNankhoma anangobwerera kukhitchini kwawo. Lamulungu anapita ku tchalitchi. Lolemba m'mawa a Wyson anadzuka n'kupeza khasu lija palibe pa khonde, pali nkhwangwa. Kabotolo pa windo panalibe, aNankhoma anali atakapatsa mlamu wawo.

"Bambo a Thoko, mukuyang'ana chiyani?" anatero. "Anthu aja akugundana ndi mitengo. Dulani. Koma yapakati ija muisiye, ndi yanga."

Anadula, n'kuika mabulugamu. Kuyambira pamenepo chigafa cha a Wyson sichinaonenso tsamba la fodya. Chimanga cholowera m'chigafa ankagawana atatu, ndipo ngakhale zaka zimene dzina lawo silinatuluke pa makuponi, pakhomopo sipanagone njala. Mbiri inafika ku boma. Anyamata amene anakulira pa disiko ankabwera kudzaona kuti gitala imalira bwanji ikakhala m'manja mwa munthu, ena n'kuphunzira pomwepo, ndipo mabandi awiri amene akuimba m'malo atsopano a ku boma anayambira m'fumbi limeneli. Mwini bala ina anabwera pa galimoto kudzawanyengerera kuti azikaimba kwa iye. A Wyson anamuyankha kuti ku boma anafikako kale, ngati akufuna kuwamva abwere ndi mbale.

Anaimba zaka khumi. Chifuwa chitawagwira ankaimba atakhala pa mpando, kenaka ankangogwira gitala, a Lemani n'kumaimba mawu. ANankhoma sanaphonye Loweruka ngakhale limodzi, pa nsanamira yawo yomweyo, mbale yawo akulipira.

Titaika maliro, achibale anakhala pansi kukambirana za pakhomo. Akuluakulu ena anati popeza mwini wake wapita, chigafa chachikulu chotere chisamangokhala, abwezeretse nsanamira zija kuti Thoko, mwana wawo woyamba, azipachikamo fodya. A Lemani anaweramitsa mutu, a Lucious anayang'ana kumbali. Onse anadikira amayi.

ANankhoma anakonza duku lawo lakuda, n'kunena kuti mitengo imene ija anaphikira kalekale. Kenaka anatembenukira kwa a Lemani n'kuwafunsa ngati batire ili ndi moto, chifukwa Loweruka ndi mkuja.