Soda mu Sosi wa Piza

Chaka chimene tomato adapsa nthawi imodzi m'madimba onse a kwathu, ine ndidali nditalumbira kale kuti ku esiteti sindipita. Malume anga ndiwo ankafuna kunditengera kumeneko. Iwo ndi kapitawo pa esiteti ina ya fodya ku Kasungu, ndipo chaka chilichonse mvula isanagwe amabwera ndi lole kudzatenga anthu okakhala matenanti. Adandiuza pamaso pa amayi kuti, "Mphwanga, sukulu udaithawa, mtima wako ndi wapachala, pakhomo pano ukungotha ufa. Kwera lole." Ndidayankha kuti andisiye chaka chimodzi ndi dimba la malemu bambo, likandikana ndidzakwera ndekha osachita kundiitana. Adaseka, nkuti chabwino.

Dimbalo lili kumunsi kwa phiri, chakuseri kwa Mvera, m'mphepete mwa kamtsinje kamene kamaphwa dzuwa likakula. Ndidathirira ndi keni mpaka mapewa kutupa. Tomato adabereka ndithu, moti ndidayamba kuyenda chotukula chifuwa. Koma adabereka kwa aliyense. Kumsika madengu adangoti mbwee, ndipo mavenda ochokera ku tauni ankakankha dengu ndi phazi nkutchula mtengo woti ukaumva umakhala ngati akutukwanira amako. Mmodzi adandiuza kuti, "Aise, ukandikana ine ugulitsa kwa ntchentche." Ndidamukhuthulira dengu lonse m'mapazi. Anthu adachita kundigwira, ndipo kuyambira tsikulo mavenda ankandilambalala ngati chitsa.

Nthawi imeneyo achemwali anga adali atangobwera kuchokera ku Lilongwe komwe ankagwira ntchito ya m'nyumba. Mabwana awo adasamukira kunja, iwo nkubwerera kumudzi ndi chikwama cha zovala ndi katoni ya mabotolo agalasi opanda kanthu, aja a jamu ndi chiponde, amene madamu adati atayidwe. Ataona tomato wanga ali pamphasa pansi pa mango, wina atayamba kudontha madzi, adaima nagwira m'chiuno.

"Ameneyu tiphike sosi wa piza," adatero.

"Wa chiyani?"

"Piza, mbuli iwe. Buledi wophwatalala ngati mbale, pamwamba amapaka tomato wophika mpaka kulimba. Anthu a m'tauni amafera zimenezo."

Adandifotokozera kuti m'minibasi adakhala moyandikana ndi bambo wina amene adatsegula kamalo kophikira piza pa tiledingi ya kumsewu wa tala. Uvuni wake ndi wa mgolo. Bamboyo ankadandaula kuti tomato wa m'chitini wakwera, wa pamsika amamuolera chifukwa magetsi amangothimathima. Adati wina atamubweretsera sosi wolimba bwino, wa m'mabotolo, wochedwa kuwonongeka, azitenga sabata iliyonse. Tidamuimbira foni. Adati tibwere nawo Loweruka.

Tomato sakadadikira Loweruka, choncho tidayatsa moto kumayambiriro kwa sabata. Tidabwereka sefuliya yaikulu ya kumpingo, ija amaphikira pa maliro. Achemwali ndiwo ankalamula, ine ndikungomvera, chinthu chimene sindichita kawirikawiri. Tomato aliyense ankamucheka pang'ono kunsonga, kumuviika m'madzi owira, khungu nkusendeka lokha ngati sokosi. Ine ndinkafinyira pa sefa ya ufa kuti njere zitsale. Manja adandiyabwa, mabala a khasu akuchita kuluma. Kenako adakazinga anyezi ndi adyo m'mafuta, nkuthira tomato yense, mchere, ndi kashuga ka kunsonga kwa supuni. Adati madamu aja ankaikamo tsamba lina lonunkhira logula m'sitolo. Adapita kuseri kwa khola nabwera ndi mpungabwi, uja timafukiza pothamangitsa udzudzu, nkuti fungo lake ndi pachibale.

"Tsopano chatsala nchiyani?" ndidafunsa.

"Moto basi. Ziwire mpaka ukakanda pansi ndi mthiko, kanjira kazitsala."

Moto basi! Kunena nkosavuta. Mapiri a kwathu adameta mpala kalekale, mtengo woti nkuwaza nkhuni umauona kumanda kokha. Tidasonkhezera zitsononkho, zidatha. Mapesi a chimanga amangoti lawi phuu, ukatembenuka ndi phulusa. Tidazula mpaka timitengo tomangirira tomato kudimba. Sefuliya imene idali yodzaza mpaka m'milomo idayamba kutsika, nthunzi ikukwera, ine mtima ukundiwawa.

"Achemwali, tomato wanga akupita kumwamba uyu!"

"Akupita ndi madzi. Si iwe udawathira ndi keni?"

Ndidakanda pansi ndi mthiko, kanjira kadatsekeka pomwepo. Nkhuni zidali zitatsala zosakwana nkuwiritsa tiyi. Tidatenga khasu ndi nkhwangwa kupita kuphiri kukafukula zitsa, amayi nkuwasiyira mthiko kuti azitakasa, zingapserere.

Pobwerera, dzuwa litapendeka, tidawapeza akumwetulira, atakhala pa mtondo wogwetsa. Pansi pozungulira mafuwa padali thovu lofiirira louma.

"Ndakukonzerani," adatero. "Ndinalawa zinthu zanuzi, kuwawasa ngati bwemba. Angadye ndani? Ndathiramo kasoda, zinafufuma pang'ono koma tsopano zakhala bwino. Talawani."

Kwathu mayi aliyense amasunga soda m'kapepala pa denga la khitchini. Therere soda, nkhwani wokhwima soda, nyemba zokanika kupsa soda. Ndidalawa. Kunena zoona zidali zokoma kuposa poyamba, zofatsa pa lilime. Koma achemwali adatula zitsa zija, nakhala pansi padothi, chitenje chonse m'phulusa.

"Amayi, kuwawasako ndiye kumasunga. Madamu ankachita kuwonjezera ndimu."

"Kusunga chiyani? Ine ndidayamba kuphika tomato iwe usanabadwe."

"Mwathira wochuluka bwanji?"

"Wokwanira sefuliya yake."

Tidali ndi ndimu zochepa zofota. Achemwali adafinyiramo zonse, thovu lidabweranso, lidatsika. Kuyambiranso sikukadatheka. Tomato wabwino yense adali m'sefuliyamo, kudimba kudatsala wamawanga ndi wobooledwa ndi mbozi. Tidawiritsa ndi zitsa zija mpaka kanjira kadatsala, tidawiritsanso mabotolo, nkuthira sosi ali wotentha, kutseka mwamphamvu.

Tidawandanditsa m'chipinda pa thabwa. Adali okongola, ndisaname. Ofiira ngati dothi la katondo mvula itangogwa. Ndinkalowa m'nyumba popanda chifukwa, kungofuna kuwaona. Ndidayamba kuganiza za pampu yopondaponda, kuti chaka chamawa keni ndidzaisiya, mwinanso kudzalemba dzina la mudzi wathu pa mabotolowo. Nyumba yathu ndi yamalata opanda siling'i, masana mumatentha ngati muuvuni. Lachisanu ndikusintha malaya ndidamva kaphokoso, tsiii, ngati njoka. Chivindikiro chimodzi chidali chitatukuka pakati. Ndidaitana achemwali. Adachidina ndi chala, adayang'ana kumbali.

"Mwina ndi limodzi lokhali," adatero. "Ulisiye, utenge enawo."

Loweruka ndidayala udzu m'dengu, kuika mabotolo, kumanga pa njinga ndi malamba a chubu. Njira ya kwathu kupita kumsewu wa tala ndi zitunda zokhazokha, pena umakwera njinga, pena njinga imakukwera iwe. Ndidafika thukuta lili kamukamu. Kamalo ka bambo uja kadali kakang'ono, mabenchi awiri ndi mgolo wakuda utsi, pakhomo pataima anyamata a kabaza akudikira makasitomala. Adandilandira bwino, bambo wamfupi wovala epuloni yoyera.

"Ndinu achimwene a mayi aja? Tiyeni tione."

Adatenga botolo, adapotokola. Chivindikiro chidalumpha, phu! Thovu lidasefukira m'manja mwake mpaka pa epuloni, fungo ngati masese ogona. Anyamata a kabaza adabwerera m'mbuyo atagwira mphuno. Bambo uja adatsegula lina, chimodzimodzi. Lina lidangofufuma mwakachetechete ngati thobwa.

"Achimwene, munathiramo chiyani?"

"Soda."

"Soda? Mumaphika therere kodi?"

Anyamata aja adafa nacho chiseko. Mmodzi adati, "Bwana, ingotigulitsani pa kapu, tiledzere!" Ndidamuyang'ana, dzanja langa lidali litagwira kale pampu ya njinga. Bambo uja adaima pakati pathu.

"Musiyeni, ndi chitsiru ameneyo. Tamverani achimwene, izi sindingapake pa chakudya cha anthu. Wina akatsegula m'mimba, malo anga atsekedwa. Koma mtundu wake ndi womwewu, kulimba kwakenso ndi komweku. Kaphikeni wina, wopanda soda, mudzandipeze."

"Ndi tomato wake uti?"

Adalowa mkati, adatuluka ndi kachidutswa ka piza pa pepala, kotentha, tchizi ikutamuka. "Idyani, mwachokera kutali."

"Sindinabwere kudzapempha," ndidatero, nkukankha njinga. Koma njala idali itandigwira zedi.

Pa mlatho woyamba ndidaima. Mumtsinje mudalibe madzi, miyala yokhayokha. Ndidamasula dengu, kutenga botolo, kuliponya pa mwala waukulu. Lidasweka mokoma. Ndidatenganso lina. Ndidaponya onse, ngakhale otsegula aja, mpaka mwala udafiira ngati apherapo mbuzi. Amayi ena ochokera kuchigayo adaima chapatali, osayerekeza kudutsa mpaka nditachoka.

Kunyumba ndidayamba kukalipa ndisanatsike pa njinga. Ndidanena zambiri, za soda, za anthu osamva, za kuti pakhomo pano munthu sungatukuke. Amayi ankasola nyemba pa lichero. Adandisiya ndithe, kenako adati, osadzutsa mutu, "Ine ndimafuna anthu a kumsewuwo asatiseke kuti sitidziwa kuphika."

Achemwali adabwera nasuzumira m'dengu, adavundukula udzu.

"Akuti mtundu wake unali bwino," ndidawauza. "Akuti tiphike wina."

"Tomato tingapemphe kwa anzathu, akungotaya. Zitsa tifukulanso." Adavundukulanso udzu uja. "Nanga mabotolo anga?"

Adandiyang'ana nthawi yaitali, adaika dengu pansi bwinobwino, nkulowa m'nyumba. Mabotolo agalasi a zivindikiro zabwino sapezeka m'mudzi mwathu. Nkhani ya sosi sitidaikambenso.

Lole idabwera mitambo itayamba kusonkhana kum'mawa. Malume sadafunse za dimba, adali atamva kale, mudzi subisa kanthu. Adangotsegula chitseko chakumbuyo. Ndidakwera ndi bulangete ndi khasu langa, kukhala pa matumba a feteleza pamodzi ndi banja lina lochokera ku Ntchisi, bambo, mayi ndi ana, mapoto awo atamanga m'chitenje. Malume adatiuza kuti tidzabwerera fodya akagulitsidwa, ngati agulitsidwe bwino. Fumbi lidatikwirira tisanatuluke nkomwe m'mudzi. Titafika pa tala, mayi uja adapukuta mwana kumaso, nanditembenukira.

"Achimwene, kwanu mumalima chiyani?"

"Palibe," ndidatero.