Manja awiri a ku Morley

Amene andilakwira sabata ino ndi malume anga a Banda, nesi wa kuno ku Perth, ku Australia. Anaimbira amayi ku Kasungu kuwauza kuti mwana wawo watayika, wasanduka Mkoreya. Amayi anasiya kuyankha foni yanga.

Mlandu wake? Malumewo anabwera ku Morley, dera la mu Perth momwemu, kudzagula nkhuku pamalo pomwe ndimakazinga, kwa a Kang, bambo a ku Korea. Ndi mliri wa koronawu moni wa m'manja kulibe, ndiye anandiona ndikuweramira abwana, masiki kukamwa, ndikulandira thireyi ndi manja awiri. Basi.

Mukundidziwa, mtima wanga ndi wapachala. Sukulu ndinalekeza Fomu 2, koma maso ndili nawo.

A Kang anakulira mu Seoul, komwe akuti chitseko cha nyumba chimatsegulidwa ndi manambala, kiyi anaiwala. Mwana wawo wamkazi ali komweko, tsitsi lofiira, amavina nyimbo zomwe ana athu a m'dera la Balga kuno akuvinanso. Koma pa chaka chatsopano chakwawo, malire ali otseka, mtsikanayo anaimbira bambo ake foni ya vidiyo atavala zachikhalidwe, nagwada mpaka chipumi kugunda pansi. Bambo ake anakhala tsonga pa chigubu cha mafuta m'khitchini, kulandira ulemuwo, nkhuku zikupserera. Ndinazipulumutsa ndine.

Ndiye chachilendo n'chiti apa? Kwathu wamkulu akamakupatsa chinthu umalandira ndi dzanja limodzi? Anthu aja ali ndi sitima za pansi pa nthaka, koma manja awiri sanawataye. Ife tangokwera ndege imodzi, ulemu tayamba kuutcha wachikoreya.

Amayi atayankha, ndinawafotokozera zonse. Anaseka mpaka kutsokomola, nati a Kang-wo analeredwa bwino, ndiwapatse moni. Mtima wanga unakhala pansi, ndipo ntchito yangayi ndikuikonda kuposa kale.

Koma ng'oma yolira sikhalira kung'ambika. Lamlungu titaweruka ku tchalitchi, mayi wina wachikulire wa Mvano anapatsa malume tiyi. Iwo analandira ndi dzanja limodzi, lamanzere, lina lili pa foni, maso ali komweko.

Ndinadikira ameze kaye. Sindinakuwe, ndipo ndikudzitama nazo.

"Malume," ndinatero, "manja awiri aja ndinachoka nawo ku Kasungu, a Kang angondikumbutsa. Nanga lanu linalo munalisiya pa eyapoti?"