Kasupe amene ndinalonjeza Che Saidi

Ndiyambe ndi kuulula uchitsiru wanga, chifukwa mukapanda kuumva kwa ine mudzaumva kwa akazi anga aNambewe, ndipo iwo sasiyako kanthu.

Kwa zaka zambiri ndinkakhulupirira kuti aliyense wokwera phiri ndi chikwama kumsana akufunafuna golide. Ndikaona azungu kapena achinyamata a ku Lusaka akutsika minibasi pa Katete, zinsapato zikuluzikulu kumapazi, ndinkauza anzanga pa bawo kuti, "Awo apita kukaba chuma chathu." Nanga munthu wanzeru zake angayende bwanji kopanda maliro, kopanda msika, kopanda m'bale wodwala? Tsiku lina ndinawatsatira ena mwakabisira. Anakhala pamwala, anadya nthochi, anajambula mbalame, n'kutsika. Ndinabwerera kunyumba nditakwiya ngati andibera ine.

Sindinkadziwa kuti nanenso ndidzakwera phiri popanda chifukwa. Zachitika Loweruka lapitali, ndipo mpaka lero mtima sunakhale m'malo.

Ndili ndi mnzanga, Che Saidi, wobadwira ku Malawi, amene amagulitsa nsalu m'mbali mwa msewu waukulu. Adokotala anamupeza ndi matenda a shuga n'kumulamula kuti aziyenda tsiku lililonse. Mkuluyo anayamba kuzungulira bwalo la mpira m'mamawa, mkanjo uli pyapyapya.

"Che Saidi," ndinatero, "mukuzungulira ngati mbuzi yapachingwe. Tiyeni kuphiri la kwathu mukaone dziko."

Tinakumana dzuwa lisanatuluke. Iwo anabwera ndi chibotolo cha madzi m'manja. Ndinaseka mpaka kutsokomola.

"Chimenecho n'cha chiyani? Mukupita kuchipatala?"

"Matendawa amandipatsa ludzu, a Banda."

"Siyani. Kunyamula madzi popita kuphiri lija n'kulinyoza. Pamwamba pali kasupe pansi pa mitengo ya katope, madzi ake ozizira opweteka mano. Ife poweta mbuzi, mwana wonyamula chikho cha madzi tinkamubweza kwa amake."

Anandiyang'ana. "Munafikako liti komaliza?"

"Posachedwapa."

Owerenga anga, posachedwa pakepo mwana wanga woyamba anali asanakwatiwe. Pano ali ndi zidzukulu.

Botolo linatsala m'shopu.

M'tsinde mwa phiri ndinali mphunzitsi wamkulu. Apa tinkatchera mbewa, apo anyani anandilanda chimanga, uko kuli phanga limene tinkabisalamo mvula. Koma titakwera pang'ono pakamwa panga panayamba kuchepa. Njira imene ndinkaidziwa inkadutsa mumthunzi kuyambira pansi mpaka pamwamba, munthu osaona thambo. Tsopano thambo linali ponseponse. Misuku imene tinkadya mpaka mimba kuuma, kulibe. Mitondo, miwanga, kulibe. Zitsa zokhazokha, ndi mabala akuda pansi pamene panali mauvuni a makala.

Ndinaima n'kutembenuka kawiri, kuganiza kuti mwina ndalakwitsa phiri. Munthu ungalakwitse phiri la kwanu?

Dzuwa la Okutobala mukulidziwa. Pofika pakati pa mmawa Che Saidi anali atasiya kuyankha nthabwala zanga. Ankangofunsa kuti, "Kwatsala patali?" Ine n'kumati, "Kuseri kwa mwala uwo." Miyala inapita itatu.

Kenako tinafika. Mwala wosweka pakati unalipo, umene tinkagwadapo pomwa madzi. Katope analipo mmodzi, chitsa. Pamene panali madzi panali mchenga ndi ndowe za ng'ombe zouma. Ndinagwada n'kuyamba kukumba ndi manja ngati galu. Ndinafika mpaka m'chigongono. Fumbi.

Nditadzutsa mutu ndinaona Che Saidi atakhala pansi, atatsamira chitsa chija. Milomo yoyera, maso akuyang'ana pamene palibe kanthu.

"A Banda," anatero motsitsa, "ndikuona zinthu ziwiriziwiri."

Ndinatulutsa foni. Netiweki kunalibe. Kutsika kukatunga madzi kumudzi n'kubwerera, pa miyendo yangayi, likanakhala tsiku lathunthu. Ndinavula malaya n'kuwaphimba kumutu, ine n'kuima pamwamba pawo kuti ndikhale mthunzi. Ndili ndi zaka zambiri, ndaika anthu ambiri m'manda, koma mantha a mtundu umenewo sindinawamvepo. Munthuyu anali bwinobwino pabwalo la mpira, ndi botolo lake. Ndinamuchotsako ndine, ndi pakamwa pangapa.

Ndinakuwa. Ndinakuwa ngati mwana wotayika.

Patapita nthawi kunatulukira mayi wina kuchokera kumene kunkafuka utsi, nkhope yakuda bii ndi makala, fosholo paphewa. Atangoona Che Saidi anathamanga kubwerera, n'kubwera ndi chigubu chachikasu cha madzi ndi mbatata yootcha. Anawamwetsa pang'onopang'ono, kuwathira ena m'khosi ndi kumutu, osawerengera.

Mnzanga atayamba kupenya bwino, mayiyo anatembenukira kwa ine.

"Agogo, mwakwera phiri lino opanda madzi? Ndinu alendo?"

"Ndine mwana wa konkuno. Ndimadalira kasupe."

"Kasupe uti?"

Ndinaloza dzenje limene ndinakumba. Anayang'ana, n'kuyang'ananso ine.

"Ine chiyambire kubwera kuno sindinaonepo madzi pamenepo. Athu timasenza kuchokera kumjigo wa kumudzi."

Apa mkwiyo unandikwera. Ndinafuna kumuuza kuti ndi inu mwapha phirili, inu ndi nkhwangwa zanu. Mawu anafika pammero. Koma ndikanawanena bwanji, mnzanga akumwa madzi a mayiyo, amene anakwera nawo pamutu kuti amufikitse madzulo? Ndinangofunsa kuti makalawo amagulitsa kuti.

"Pa Katete. Anjinga amabwera kudzatenga." Anandiyang'anitsitsa. "Inu si aja mumakhala kuseri kwa chigayo? Amuna anga amati mumadziwa kusankha. Mumakana a mitengo yofewa, mumafuna a muwanga."

Che Saidi, munthu amene amafuna kufa posachedwa pomwepa, anaseka.

Ndiye ndikufunseni inu a m'tauni, inu a ku Sinda, inu a ku Vubwi amene mumanyadira mapiri anu. Munakwerako liti komaliza? Osati kuliona pawindo la basi, chifukwa patali phiri lililonse limaoneka lobiriwira. Ndikunena kuponda ndi mapazi. Timakhala pa bawo n'kumasimbira ana za mitsinje imene tinkasambamo, za maiwe amene ankamiza ng'ombe, ngati zonsezo zikutidikira pomwe tinazisiya. Thumba la makala likafika pakhomo timaligogoda kuti timve ngati lili ndi olemera, osafunsa kuti mtengo wake unaima pati, unkaphimba chiyani.

Ndipo musathamangire kutukwana mayi uja. Anatiuza kuti munda wake wa thonje sunamupatse kanthu chaka chino, ana akufuna kudya, ife tikufuna moto. Tikamuthamangitsa kuphiri mawa, m'mbaula zathu tiziikamo chiyani? Ine yankho ndilibe. Sukulu ndinalekeza panjira. Koma amene munaimaliza, kodi inunso simunakwereko?

Tinatsika pang'onopang'ono, kupuma pamwala uliwonse. Mayiyo anatikakamiza kutenga chigubu chija ndi madzi otsalawo, akuti iye apempha kwa anzake. Che Saidi ali bwino, atsegula shopu Lolemba. Akazi awo sakundiyankha moni.

Madzulo a Loweruka lomwelo ndinafotokozera aNambewe zonse, ndikuyembekeza kuti andimvere chisoni pang'ono. Anamvetsera akusenda mtedza, osadzutsa mutu.

"Mukanandifunsa," anatero. "Mayi aliyense wotola nkhuni akudziwa kuti kasupe ameneyo anauma kalekale. Koma inu amuna mumafunsana nokhanokha." Analoza chigubu chachikasu chimene ndinachiika pakhonde. "Icho n'cha mwini. Mawa muchidzaze kumjigo, mukachipereke nokha komwe munachitenga. Ndipo musatume wanjinga."