Nyimbo ya Fulaye Aigwetsera M'matope

Malemu mayi anga ankati: "Mlendo wolongolola um'patse madzi, koma wokhala duu uzimuyang'ana manja." Ine manjawo ndinayang'anadi. Ndinaiwala makutu.

Mwezi watha kwathu kwa Tengani kunadutsa munthu woimba valimba, zoimbira za timatabwa zija, dzina lake Zuze. Anapempha madzi, nakhala duu pansi pa bwemba. Ine n'kuti ndikusinja mapira, ndikuimba nyimbo ya mwana wanga Fulaye, amene anam'tengera ku mtengatenga, kukasenza katundu wa asilikali nthawi ya nkhondo, osabwerako. Kumene anagona sindikudziwa. Nyimboyo ndinapeka ndekha, ndipo ndiyo manda amene ndimasesa.

"Takhuta, mai," anathokoza motero pochoka. Ndinasuzumira m'khola, ndinasuzumira m'nkhokwe. Zonse zilipo.

Loweruka lapitali mwana wanga wamkazi anandikokera ku boma kukaona zithunzi zoyenda zija amati bayisikopo, m'nyumba yosungiramo thonje. Zithunzizo sizilankhula, ndiye mwini wake, wamalonda wa ku Beira, analemba ntchito Zuze yemweyo. Zuzeyo amayamba waziona yekha, n'kupeka nyimbo zoyenda nazo: apa ya mantha, apa ya chikondi.

Pansalu panatulukira mzungu wonenepa, mbuzi ili pambuyo, mpaka m'matope khu. Valimba zinalira. Nyimbo ya Fulaye, aithamangitsa ngati ya paukwati. Nyumba yonse inafa nacho chiseko.

Potuluka ndinam'gwira malaya Zuze.

"Bambo, nyimbo ija munaitenga kuti?"

"Mai, nyimbo ndi mphepo, ilibe mwini. Ine ndangoipatsa miyendo. Pakanapanda ine ikanafera pamtondo panu."

"Ndinakudandaulirani kuti ikusowa koyenda?"

"Mawa ikamveka ku Beira, mai. Mukanandithokoza."

Ndimuthokoze? Inu a kuchigwa kuno mukudziwa kuti nyimbo yolira munthu saiyamba wapadera eni maliro ali chete. Ngakhale woledzera amadziwa zimenezo. Wakuba mbuzi timam'tengera kubwalo. Nanga wakuba misozi tikam'sumire kwa yani?

Ndipo musaloze Zuze yekha. M'nyumbamo munali amayi a kwathu amene akhala akuimva nyimboyo zaka zonsezi. Ndinawaona. Anaseka atatseka pakamwa ndi nsalu. Fisi akalowa m'khola, funsani amene anatsekula. Luso la Zuze sindikulikana, zala zake n'zanzeru. Koma luso lopanda manyazi tililere ndife, ndi kuseka kwathu?

Dzulo ndinagwira munsi, ndinatsekula pakamwa kuti ndiyambe. M'maso munabwera mzungu wa m'matope uja, osati mwana wanga. Ndinasinja mapira onse osaimba.

Mukundidziwa, sindikhulupirira munthu. Komabe mukamadutsa kwa Tengani patukani mudzandione, nyumba ya pabwemba. Amene munam'dziwa Fulaye mudzangotchula dzina lake, poti china chom'kumbukira nacho ndilibenso. Madzi ndikupatsani. Koma musadzakhale duu.