Miting'i ya Pakhonde

Pamene ndinali kalaliki ku esiteti ya tiyi, ndinaphunzira kuti mawu akuti miting'i satanthauza msonkhano wokha. Bwana akati "ndili pa miting'i," nthawi zambiri amatanthauza kuti usandivute. Ndinkadana nalo bodza limeneli, koma chaka chino ndalinena ndekha, ine mkulu wa mpingo.

Chimwalirireni mkazi wanga, ndinkapewa anthu. Loweruka lina alamu anga a Esinati, ang'ono ake a malemuwo, anandiimbira foni ndili khale pakhonde. Ndinadziwa kuti akufuna kudzandiona. Ndinatsitsa mawu ngati bwana, nkuti, "Ndili pa miting'i, alamu."

Pomwepo tambala wanga analira. Nditatukula maso ndinawaona ataima pampanda, foni kukhutu, mbale ya nyemba za kalongonda pamutu. Kalongonda amaphikidwa tsiku lathunthu, ndipo alamuwo anali atayenda naye wapansi kuchokera kwawo ku Milonde.

"A tcheyamani anuwa mawu ali nawo," anatero akuloza tambalayo. Anatula mbale ija. "Miting'i ikatha mundibwezere mbale yanga. Mubwere nokha, osatuma mwana."

Mawa lake nditaweruka ku tchalitchi ndinakaibweza muli nanazi, ndipo ndinakhalitsa. Mpaka lero akandiimbira amayamba afunsa ngati a tcheyamani andilola kuyankhula.