Tsiku Limene Ndinazula Miuni ya Isaki

Ndikukumbukira tchuthi cha chaka chimene ndinali mu Sitandade 6, ndili ndi zaka khumi ndi ziwiri, pamene msuweni wanga Isaki anabwera kudzakhala nafe kumudzi kwathu, kuseri kwa msika wa Nkando. Isaki anali mwana wa amalume anga, amene anali atamwalira chaka chimodzi m'mbuyomo. Ankakhala ndi mayi ake ku Limbe, anali wamkulu kwa ine ndi zaka zitatu, ndipo anabwera ndi foni yong'aluka galasi pakona, imene ankaisunga m'sokosi kuti isakandike.

Ine ndinali mwana wamanyazi kwambiri. Kusukulu mayankho ndinkawadziwa, koma dzanja silinkakwera. Munthu wamkulu akandituma, ndinkachita zimene wandituma n'kuwonjezerapo zina, kuti mwina andiyamikire. Kufunsa kokha ndiye sindinkafunsa. Ndinkaona ngati kufunsa n'kuvutitsa anthu.

M'foni muja munali gemu yomanga ndi mabuloko. Chilichonse m'menemo chinali cha makona anayi: dothi, mitengo, madzi, nkhosa, ngakhale dzuwa. Unkakumba buloko apa n'kukaliika apo, mpaka chinthu chitaima. Tsiku la m'gemumo linkatha pa mphindi zochepa chabe, ndipo kukada kunkatuluka zilombo. Isaki ankasewera atakhala pakhonde, ine nditaima kumbuyo kwake ndi tsache m'manja, kunamizira kusesa.

Tsiku lachitatu anatembenuka. "Iwe Elube, malo amodzi omwewo ukusesa kuyambira m'mawa. Ukumba chitsime. Khala pansi uone."

Ndinakhala pansi, n'kuyang'ana m'foni muja. Inali nyumba ya amalume. Amalume anayamba kumanga nyumba kumudzi kwathu, pafupi ndi mtengo wa mapeyala, koma matenda anawapeza makoma atangofika m'mawindo. Ndinkadutsa pamenepo tsiku lililonse popita kumjigo, ndipo m'zipinda munali mutamera chisoso. Koma m'foni ya Isaki nyumbayo inali itatha, ya denga, zitseko, khonde lalitali ndi masitepe atatu. Anati anaimanga teremu yonse, kutengera pulani imene bambo ake anajambula kuseri kwa kalendala.

"Ichi n'chipinda cha adadi," anatero akuloza. "Ichi changa. Iwe ukabwera uzidzagona kukhola ndi nkhosa."

Ndinaseka nditatseka pakamwa. Pachisuweni timatero.

Koma chinthu chimodzi chinandisowetsa mtendere. Pakhoma lililonse panali muuni, kamtengo ka moto kunsonga. M'chipinda chimodzi inayi, pakhonde isanu, ngakhale m'kachipinda kosungira katundu munali wake. Inkayaka dzuwa lili pamutu, m'nyumba mulibe munthu. Kwathu umenewo unali mlandu. Amayi, amene ankathyola tiyi kuesiteti, anatilera ndi lamulo limodzi losasintha: ukatuluka m'chipinda, zimitsa. Koloboyi akatsala akuyaka, kapena tochi ya mabatire ikaiwalika pamphasa, amayi ankayamba m'Chichewa n'kumalizira m'Chilomwe, ndipo zikafika pa Chilomwe aliyense ankadziwa kuti zavuta.

Loweruka lina Isaki anatsagana ndi anyamata a kutchalitchi kwathu kukakwera phiri mpaka pansonga ya Chambe. Poopa kuti foni ingakagwere m'miyala, anaisiya kwa ine. Anandiphunzitsa poyendera ndi pokumbira, n'kunena kuti, "Undidulire mitengo m'gemumu, kutsidya kwa mtsinje uko. Kukayamba kuda, thamangira m'nyumba, utseke chitseko. Wamva?"

"Ndamva, asuweni."

Nditamaliza kutsuka mbale ndinakhala kuseri kwa khitchini, foni ndaigwira ndi manja awiri. Ndisanapite kumitengo ndinalowa m'nyumba ija, n'kuona miuni ikungoyaka pachabe. Ndinaganiza kuti Isaki ndi wa m'tauni, anazolowera magetsi, kusamala sakudziwa. Ndinaganizanso mmene nkhope yake idzawalire akadzapeza kuti ndamusungira. Ndinazula umodzi umodzi, kuyambira kuchipinda cha amalume, yonse n'kuiika bwinobwino m'bokosi. Ndinatseka zitseko, n'kuwoloka mtsinje mtima uli myaa.

Mitengo inandikomera kudula, moti ndinadzazindikira kumwamba kwa m'gemumo kutatuluka kale nyenyezi. Ndinathamanga monga anandiuzira, ndinalowa, ndinatseka chitseko. M'nyumba munali bii. Kenako ndinamva kaphokoso ngati ka madzi akagwera pa makala amoto. Nditatembenuka ndinaona chinthu chobiriwira, chachitali, chopanda manja, chitaima pakhomo pa chipinda cha amalume. Ndisanaganize chochita, foni inalira kuti phuu!

Kutacha m'gemumo, chipinda cha amalume panalibe. Panali dzenje, khoma lakutsogolo litapita, chidutswa cha denga chitatsala chokha m'malere.

Ndinakhala nthawi yaitali foni ili pamiyendo, nkhuku zikupalasa pafupi ndi mapazi anga. Ndinayesa kukwirira dzenjelo ndi mabuloko a dothi, koma zinkaoneka ngati chigamba cha thumba pa yunifolomu yatsopano. Ndinaganiza zodzanama kuti foni inachita yokha. Ndinaganizanso zothawira kwa mnzanga wa kusukulu mpaka tchuthi chithe. Chimene chinkandipweteka kwambiri n'chakuti sindinkadziwa chimene ndalakwitsa. Chitseko ndinatseka. Nanga chilombocho chinalowera pati?

Isaki anafika dzuwa litapendeka, miyendo ili fumbi lokhalokha, akuimba nyimbo za m'njira. Amayi anali pakhonde akusankha nandolo. Ndinamupatsa foni maso ali pansi.

"Asuweni, nyumba yaphulika."

Anayang'ana. Sanakalipe. Anangoyendetsa chala uku ndi uku, ndipo ndinaona msozi ukugwera pagalasi. Kukanakhala bwino akanangondimenya.

"Miuni ili kuti?" anafunsa.

"Ndaisunga m'bokosi. Imangoyaka pachabe, mulibe munthu."

"Wazula yonse?" Mawu anakwera. "Elube! Miuni imeneyo ndi imene imaletsa zilombo!"

Amayi anaika lichero pansi. "Chavuta n'chiyani pamenepo?"

"Azakhali, wandizimitsira nyali zonse m'nyumba yanga ya m'foni."

"Zimayaka masana?"

"Eya, koma..."

"Mulibe munthu?"

"Azakhali, simukumvetsa."

"Ndiye walakwa chiyani mwanayu? Ndikanakhala ine ndikanazimitsa n'kukukokanso khutu. Mafuta ake umawatola pansi?"

Isaki anawayang'ana azakhali akewo. Kenako kuseka kunamutulukira m'mphuno, misozi idakali m'masaya. "Sizidya mafuta, azakhali. Sizitha."

"Nyali yosatha mafuta," anatero amayi akutola lichero lawo. "Ukabweranso udzanditengere ziwiri."

Kusekako sikunakhalitse. Tsiku limenelo Isaki anadya pang'ono, ndipo ine sanandiyankhulenso. Koma mawa lake, titachokera kutchalitchi, anandiitana pakhonde.

"Za miuni sindinakuuze, eti?"

Ndinapukusa mutu.

"Nawenso sunafunse. Khala apa."

Anatenga muuni umodzi m'bokosi, anauika pakati pa bwalo la m'gemu, n'kudikira kuti kude. Anandionetsa mmene kuwala kumakhalira kwamphamvu pa muuni penipeni, n'kumachepa buloko ndi buloko ukamatalikira, mpaka kutheratu. Zilombo, anati, sizichita kuchokera kuthengo kokha ayi. Zimabadwira pomwepo, pa buloko lililonse lamdima pamene pali malo oimapo, kaya ndi kuphanga, kaya ndi m'chipinda chotseka. Chitseko chimaletsa za kunja zokha. N'chifukwa chake iye ankawerenga mabuloko asanu n'kuika muuni, ena asanu n'kuika wina, osaiwala m'makona ndi pamwamba pa denga.

Ndinamvetsera mpaka anamaliza. Kenako ndinalimba mtima n'kufunsa.

"Nanga... kuseri kwa khoma kuwala kumafika?"

Anandiyang'ana. "Sikufika. Khoma limatchinga, ndiye mbali iliyonse imafuna wake. Kani mutuwu umagwira ntchito, wakumudzi iwe!"

Linali funso langa loyamba kwa iye, ndipo silinamuvutitse. Ndinafunsa lina, kenako lina. Pomaliza ndinanena chinthu chimene ndinachiona tsiku loyamba lomwe koma ndinachisunga mumtima: windo la chipinda cha amalume analiika kolakwika. M'nyumba yeniyeni linayang'ana kuphiri, osati kumsewu.

"Wanama."

"Tiyeni mukaone."

Tinapita. Chichitikireni maliro, Isaki anali asanapondeko. Tinalowa m'makoma opanda denga, chisoso chikutimata m'zovala, abuluzi akuthawa pa njerwa zotentha. Anakaima m'chipinda cha bambo ake, pampata pamene panasiyidwira windo, ndipo phiri lonse linali pamenepo, mitambo itatsamira pamwamba pake. Anaika dzanja pa njerwa. Ine ndinayang'ana kumbali kuti asachite manyazi.

Kenako anati, "Werenga njerwa za khoma ilo, ine ndiwerenge za ili."

Chipinda cha m'gemu chija tinachimanganso masiku anayi, windo litaloza kuphiri. Foni ikatha moto tinkapita nayo limodzi kukatchajitsa ku Nkando, tikukangana m'njira za kutalika kwa khonde. Iye ankaika makoma, ine miuni, chifukwa anati pa kuwerenga mosamala sangandipose. Ndinkayenda kona ndi kona kufunafuna buloko lamdima, ndipo mpaka tchuthi chinatha m'nyumbamo simunabadwenso chilombo.

Lero ndine wamkulu, ndimagwira ntchito m'khitchini ya malo ena ogona alendo m'munsi mwa phiri. Manyazi sanandichoke onse. Koma ndinazindikira kuti amayi sanalakwe kundiphunzitsa kuzimitsa, ndipo Isaki sanalakwe kusiya ikuyaka. Nyumba iliyonse ili ndi chifukwa chimene imachitira zimene imachita, ndipo munthu wofuna kuthandiza akhoza kugwetsa khoma ndi mtima wabwino womwewo. Ndikafika pamalo pachilendo n'kuona chinthu chooneka ngati chaikidwa molakwika, manja ndimayamba ndaapinda kumbuyo, n'kufunsa mwini wake. Mawu amatuluka otsika, moti nthawi zina munthu amati ndibwereze. Ndimabwereza.