Nkhope ya Loyce m'Chitini

Haswell Mtonga chuma chake chinali pakamwa. Galimoto ya kanema ikafika ku Magodi, iye amapachika nsalu yoyera pamtengo, n'kugwira chimkuzamawu kumamasulira zonena azungu a m'kanemamo. Chizungu chake chinali cha apo ndi apo, ndiye pomwe sanamve amangopeka. Kanema wophunzitsa kupopera thonje amasanduka nkhani ya mitala, anthu n'kuseka mpaka kugwira nthiti. Kutamidwako kunamulowa m'mutu, nayamba kulota zopanga kanema wakewake, wa nkhope za kwawo.

Wansembe wina pobwerera kwawo anamusiyira kamera ndi filimu imodzi yosajambulapo. Haswell analemba nkhani ya mkazi amene amwalira mwamuna ali kumigodi, ndipo wosewera anali mkazi wake Loyce, yemwe amaseka ngakhale pofunika kulira. Anamujambula akupeta mtedza, akutula ndowa, akucheuka kumuyang'ana. Chithunzi chomaliza chimafuna manda, choncho anakumbitsa dzenje kuseri kwa munda, Loyce n'kugona pamphasa pambali pake.

Akuluakulu anamuchenjeza kuti dzenje lotere silikwiriridwa lopanda kanthu, amaikamo chipatso cha mvunguti kuti lisaitane munthu. Haswell, maso ali padzuwa lomwe limamuthawa, anati achita mawa. Mawa lakelo galimoto inamutengera ku Chipata, ndipo okumba aja anangokwirira.

Chaka chisanathe Loyce anamwalira pobereka, n'kusiya khanda lalikazi, Eneless. Palibe anamutukwana Haswell pamaliro. Anthu anangoleka kuseka zonena zake, ndipo zimenezo zinamupweteka kuposa chipongwe.

Chithunzi china cha Loyce panalibe. Nkhope yake inatsala m'filimu ija, yotsekeredwa m'chitini chomata bwino, kudikira kutsukidwa. Ku boma anamuuza kuti filimu yotere amatsuka kunja, ndipo kutumiza kanthu kunja kumafuna chilolezo. Haswell anayenda m'maofesi, khadi lachipani lili m'thumba, jekete litasitidwa, koma yankho linali lomwelomwelo, loti abwere mwezi wamawa. Galimoto ya kanema inatha matayala n'kukhalira pamiyala. Haswell, wamkulu wa mafilimu uja, anayamba kugulitsa fodya wopota pamsika wa Lundazi, ndipo choopsa n'choti nkhope ya mkazi wake inayamba kumusokonekera m'mutu.

Eneless anakula akusewera ndi tizidutswa ta mafilimu akale, kutiloza kudzuwa n'kumaona tianthu m'katimo. Atayamba kuzindikira anafunsa.

"Adada, amama anali ooneka bwanji?"

"Ali m'chitini umu, mama. Tsiku lina uzawaona akuyenda. Koma osatsegula."

Chifukwa chomuletsera sanamuuze, munthu amene moyo wake wonse unali wofotokozera anthu zinthu. Ndipo mwana wa m'mudzi amamva zoletsa zambiri, osakhala pamtondo, osaloza manda, mpaka amadziwa yekha kuti zina n'zongoopseza.

Masana ena m'mwezi wotentha Haswell anabwera kuchokera kumsika, n'kumupeza Eneless atakhala pabwalo, chitini chili pululu pambali pake. Filimu inali itatambasuka pamiyendo yake mpaka pansi, iye akuikweza kudzuwa pang'onopang'ono, diso limodzi atatsinzina. Haswell anaima pomwepo. Amadziwa bwino kuti filimu yosatsuka ikangoona kuwala, zonse za m'katimo zimapsa nthawi yomweyo.

"Adada, nasakila konse, mulibe munthu," anatero mwanayo. "Kapena ali kothela?"

Pachokulungira panatsala kagawo kakang'ono, kamenenso dzuwa linali litakalowa kale. Haswell anafuna kukalipa, koma anangotula thumba la fodya, nakhala pansi m'dothi, n'kugwira nsonga ya filimuyo.

"Tiye tione, mama," anatero.

Ndipo anamuthandiza kutambasula mpaka kumapeto.